Kuonetsa ana mafilimu akale ophunzitsa: kowapeza, kuwasankha ndi pochenjera

Loweruka madzulo pakhonde panga pamadzaza ana. Ena ndi a mlongo wanga, ena ndi a anansi, ena sindidziwa n'komwe nyumba imene amachokera. Chowakoka ndi laputopu yakale yokhazikidwa pampando, kasipika kamodzi, ndi mafilimu afupiafupi ophunzitsa amene anajambulidwa agogo awo akadali makanda. Ndi aja akuda ndi oyera, kapena a mitundu yofwifwa, momwe bambo wina wosaoneka amafotokoza ndi mawu abesi mmene njuchi ipangira uchi, mmene magazi ayendera m'thupi, kapena zimene zimachitika m'kati mwa injini. Anthu angapo andifunsa kuti ndimawatenga kuti ndipo ndimachita nawo bwanji, ndiye ndati ndilembe zonse motsatana. Ndineneretu chimene ndinachiphunzira mochedwa: filimu yotere imanena zimene anthu ankadziwa chaka chimene inajambulidwa, ndipo zina mwa izo zinasintha kalekale.

Choyamba, dziwani chimene mukufunafuna

Mafilimuwa ali m'magulu atatu. Gulu loyamba ndi aja ankaonetsedwa m'nyumba za kanema filimu yaikulu isanayambe, anthu akadali kufunafuna mipando. Awa ndi a "kodi mukudziwa?": munthu wamtali kuposa onse, ntchito zachilendo, makina ongotuluka kumene. Robert Ripley, yemwe anatchuka ndi zojambula za m'nyuzi zonena zinthu zovuta kukhulupirira, anapanga otere ndi kampani ya Warner Bros. kuyambira 1930 mpaka 1932. Paramount inali ndi Popular Science kuyambira 1935 mpaka 1949. Ku Britain kunali Pathé Pictorial, yomwe inayamba mu 1918 n'kutha mu 1969, komanso Look at Life ya kampani ya Rank, mafilimu opitirira 500 pakati pa 1959 ndi 1969. Cholinga cha onsewa chinali kudabwitsa anthu, choncho kukokomeza sikusowa.

Gulu lachiwiri ndi la m'kalasi, ndipo ndilo ndimalikonda. Mayina awiri amene muziwaona pafupipafupi ndi Coronet ndi Encyclopaedia Britannica Films, onse a ku America. Mudzaona kuti ambiri amatha mphindi 10 kapena 11, ndipo pali chifukwa chake. Masukulu ankagwiritsa ntchito filimu ya mamilimita 16, imene Kodak inayambitsa mu 1923, ndipo mpukutu umodzi wa mafiti 400, omwe ndi mamita pafupifupi 120, unkatha m'mphindi 11. Wopanga filimu ankayenera kunena zonse mpukutu usanathe. Kwa ife zimenezi n'zothandiza, chifukwa mphindi 11 mwana amakhala chete, ndipo bandulo siyilira kwambiri.

Gulu lachitatu ndi la mafilimu olipiridwa ndi kampani kapena boma. Za awa tikambirana kutsogoloku, chifukwa amafunika diso lina.

Chachiwiri, pitani kumene ali

Yambirani pa Internet Archive, nkhokwe ya pa intaneti imene Brewster Kahle anakhazikitsa mu 1996. Mukalowa, lembani kuti Prelinger Archives. Rick Prelinger anayamba kutolera mafilimu otere kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980, nthawi imene masukulu ndi makampani ankawataya posinthira ku matepi a vidiyo, ndipo mu 2002 Library of Congress, laibulale yaikulu ya boma la America, inatenga zimene anali atasonkhanitsa. Masauzande a mafilimuwo ali pamenepo, ndipo ambiri ndi ololedwa kukopera ndi kuonetsa mwaulere. Pofufuza lembani mawu a Chingelezi a chinthu chimodzi, monga bees, blood, volcano kapena rubber. Mukalemba chiganizo chonse mumangosokera.

Kwina ndi pa YouTube, pomwe British Pathé inaika mafilimu ake pafupifupi 85,000 mu 2014. Awa kuonera n'kwaulere, koma ali ndi eni ake ndipo amawagulitsa. Kuonera ndi ana pakhonde ndi nkhani ina, kuwaikanso patsamba lanu kapena kulipiritsa pakhomo ngati vidiyo sho ndi nkhani inanso.

Mukafuna za kuno kwathu, gwiritsani ntchito mayina a nthawiyo, apo ayi mupeza zochepa. Lembani Nyasaland m'malo mwa Malawi, Northern Rhodesia m'malo mwa Zambia, Salisbury m'malo mwa Harare. Mangochi anali Fort Johnston, Nsanje anali Port Herald, Chipata anali Fort Jameson, Kabwe anali Broken Hill. Mulanje ankalemba Mlanje, Thyolo ankalemba Cholo, Nkhotakota ankalemba Kota Kota. Yesaninso Kariba, poti kumangidwa kwa damulo pakati pa 1955 ndi 1959 kunajambulidwa kwambiri.

Chachitatu, koperani mosamala

Pa Internet Archive, tsamba la filimu iliyonse limasonyeza mafayilo angapo a filimu yomweyo. Musathamangire yaikulu. Sankhani MPEG4 kapena H.264, ndipo pomwe pali yolembedwa 512Kb tengani imeneyo; ya mphindi 10 imakhala ma MB ngati 40 kapena 50. Ine tsiku loyamba ndinadina yaikulu kwambiri poganiza kuti ndiyo ioneke bwino, bandulo ya sabata yonse inathera panjira filimu isanafike theka. Chithunzi cha 1948 n'chachikalekale basi, ngakhale fayilo ikule bwanji, pa laputopu kusiyana kwake simukuona. Koperani usiku ngati muli ndi bandulo yausiku, ikani pa fulashi, ndipo dzina la fayilo liyambe ndi chaka. Mudzandithokoza zikadzafika makumi asanu.

Chachinayi, onerani nokha, ndipo pezani chaka

Apa musadumphe. Filimu imene simunaionere nokha musaionetse, ngakhale mutu wake ukhale wooneka wosalakwa ngati wa agulugufe.

Chaka chimalembedwa kumayambiriro, pansi pa mutu, m'tizilembo tating'ono, ndipo nthawi zambiri chimakhala m'manambala a Chiroma. Imitsani filimu pamenepo muwerenge. M ndi 1000, CM ndi 900, choncho onse amayamba ndi MCM, kutanthauza 1900. Zotsatira zake ndizo muziyang'ana: X ndi 10, L ndi 50, V ndi 5, I ndi 1, ndipo chilembo chaching'ono chikatsogola chachikulu mumachotsera. MCMXLVII ndi 1947, chifukwa XL ndi 40 ndipo VII ndi 7. MCMLIII ndi 1953. MCMXXXVIII ndi 1938. Ana akangozolowera amalimbirana kuti awerenge ndani, ndipo iyi yokha ndi phunziro la masamu lomwe simunalikonzekere.

Chaka chikasowa, filimu imadziulula yokha. Ikanena kuti palibe munthu amene anafikapo pamwamba pa phiri la Everest, inajambulidwa Edmund Hillary ndi Tenzing Norgay asanakwere mu 1953. Ikamalota za tsiku limene munthu adzaponde pamwezi, ndi ya 1969 isanafike. Mapu akalemba Gold Coast pamene pali Ghana, ndi ya 1957 isanakwane. Akalemba Belgian Congo, 1960 isanakwane. Ikanena kuti United States ili ndi zigawo 48, Alaska ndi Hawaii anali asanalowe, ndipo analowa mu 1959.

Chachisanu, yesani mfundo iliyonse

Amati mawu a akuluakulu amakoma akagonera, koma ena mwa awa akagonera amasasa. Ndinazionera pa mwana wa mlongo wanga. Tinaonera filimu ya m'ma 1950 ya dzuwa ndi mapulaneti, iye n'kuloweza onse asanu ndi anayi, Pluto kumapeto. Lachiwiri lake anafika akukwenya, chikwama n'kuchiponya pakhonde.

"Amalume, mwandichititsa manyazi. Aphunzitsi akuti mapulaneti alipo eyiti, ine ndimalimbikira naini, kalasi yonse yandiseka."

Aphunzitsi ankanena zoona. Pluto inapezeka mu 1930 ndipo kwa zaka 76 inkawerengedwa ngati pulaneti, koma mu 2006 akatswiri a zakuthambo anaichotsa m'gulu la mapulaneti akuluakulu. Filimu sinaname, inanena za nthawi yake. Wolakwa ndinali ine amene ndinaisiya ilankhule yokha.

Kuyambira pamenepo ndimakhala ndi kope. Poonera ndekha, nambala iliyonse, dzina lililonse ndi mawu alionse onena kuti ichi n'chachikulu kuposa zonse ndimalemba, kenako ndimafufuza m'buku la sukulu la masiku ano kapena pa intaneti. Pali malo amene mafilimuwa amagwera kawirikawiri. Chiwerengero cha anthu padziko chinali pafupifupi 2.5 biliyoni mu 1950, koma chinafika 8 biliyoni mu 2022. Mpaka 1956 mabuku ankanena kuti munthu ali ndi makromozomu (tizinthu ta m'selo iliyonse tonyamula chibadwa) 48, pamene alipo 46. Mfundo yoti makontinenti amasuntha, imene Alfred Wegener anainena mu 1912, akatswiri ambiri anadzaivomereza m'ma 1960, choncho filimu yakale yofotokoza chiyambi cha mapiri, zivomezi kapena zigwa ngati chimene muli nyanja yathu ya Malawi ikhoza kupereka chifukwa chimene lero sachiphunzitsanso. Nyumba yaitali kuposa zonse, ndege yothamanga kuposa zonse, mzinda waukulu kuposa yonse, zonsezi ingodziwani kuti zinasintha.

Zimene sizikalamba ndi zofotokoza kayendedwe ka chinthu. Mtima ukupopabe magazi monga unkachitira mu 1940. Nyemba imamerabe chimodzimodzi, ndipo mafilimu ofulumizitsa kakulidwe ka mbewu, luso limene Percy Smith analionetsa ku Britain cha m'ma 1910, amawagwirabe ana pakamwa mpaka lero. Ngati mulibe nthawi yofufuza, sankhani otere, a momwe chinthu chimagwirira ntchito, musiye aja odzaza manambala.

Za umoyo ndiye ndimakana ndithu. Mafilimu akale a chithandizo choyamba amaphunzitsa kucheka pamene njoka yaluma, kuyamwa ululu ndi kumanga chingwe zolimba, zinthu zimene madokotala lero amaletsa. Ena amaonetsa anthu akupoperedwa mankhwala ophera tizilombo a DDT pathupi akumwetulira. Ena amaphunzitsa kutsitsimutsa womira pomukanikiza kumsana, njira imene inasiyidwa cha m'ma 1960. Mwana akaona chinthu pakanema amachikhulupirira kuposa mawu anu omutsutsa pambuyo pake, ndipo pulaneti yolakwika imangobweretsa manyazi pamene njoka imapha.

Chachisanu ndi chimodzi, funsani kuti analipira ndani

Dzina la wolipira limaoneka kumayambiriro kapena kumapeto. Kulipiridwa ndi kampani sikutanthauza kuti filimu ndi yoipa. Imene ndimaikonda kuposa zonse ndi ya Chevrolet ya mu 1937, Around the Corner, yopangidwa ndi kampani ya Jam Handy. Imafotokoza difu ya galimoto, magiya amene amalola mateyala kuzungulira pa liwiro losiyana galimoto ikamakhota. Imayamba ndi anthu a njinga zamoto akukhota pamzere umodzi, kuti muone kuti wakunja ayenera kuthamanga kuposa wam'kati. Kenako imatenga timitengo, kamodzi, tiwiri, tinayi, n'kumawonjezera mpaka timitengo tija tasanduka mano a magiya pamaso panu. Mnyamata wina wophunzira umakaniko, yemwe anali atamasulapo difu kangapo kugalaja, anaionera n'kuwomba m'manja, akuti lero ndiye wamvetsa chimene chimazungulira m'katimo. Kuti Chevrolet inkafuna kugulitsa magalimoto n'zoona, koma magiya sananame.

Ina ndi ya boma la America, Duck and Cover, imene inayamba kuonetsedwa m'masukulu mu 1952. Muli kamba wa katuni dzina lake Bert, wophunzitsa ana kubisala pansi pa desiki bomba la nyukiliya likaphulika. Imeneyi onetsani ngati mbiri, kuti ana aone mantha amene anthu ankakhala nawo m'nthawi ya kusamvana kwa America ndi Soviet Union. Ndipo musaganize kuti dzina lalikulu ndi chitsimikizo. Filimu ya Disney ya mu 1958, White Wilderness, inaonetsa tinyama tonga mbewa totchedwa lemming tikudziponya m'madzi kuchokera paphompho, anthu n'kukhulupirira kuti timadzipha tokha. Zinadzadziwika kuti ojambulawo anachita kutitenga kwina n'kutikankhira okha, ku Alberta m'dziko la Canada. Filimuyo inalandira mphoto ya Oscar.

Mafilimu a nthawi ya atsamunda amafuna kuleza mtima kwapadera. Central African Film Unit inakhazikitsidwa mu 1948 ku Salisbury kuti izipanga mafilimu a anthu akuda a ku Southern Rhodesia, Northern Rhodesia ndi Nyasaland, ndipo inagwira ntchito mpaka chitaganya cha mayiko atatuwa chitatha mu 1963. Ankaphunzitsa ulimi, ukhondo ndi kusunga ndalama ku positi ofesi, ndipo ankayenda nawo m'midzi pa galimoto. Zithunzi zake ndi chuma: misika, zovala, mabasi, mameta a tsitsi. Koma mawu a m'mafilimu ambiri a nthawiyo onena za Africa amalankhula za agogo athu ngati ana osadziwa kanthu. Kwa ana aang'ono ndimatsitsa mawu n'kufotokoza ndekha zimene zikuoneka. Kwa a sekondale ndimawasiya amve, kenako ndimafunsa kuti wolankhulayo ndani, akulankhula kwa yani, nanga anthu akuonekawo bwanji sakupatsidwa mpata wonena kanthu. Zokambirana zake zimatalika kuposa filimu.

Chachisanu ndi chiwiri, konzani Chichewa chanu

Chingelezi cha m'mafilimuwa n'chothamanga, ndipo mawu ake nthawi zina amamveka ngati akuchokera m'chitini. Wina ayenera kumasulira, ndipo winayo ndinu. Si zachilendo: pa magalimoto a kanema a nthawi ya atsamunda pankakhala womasulira woimirira pambali, ndipo lero tili ndi anyamata aja oika Chichewa m'mafilimu a nkhondo. Kusiyana kwake n'kwakuti inu simukuloledwa kupeka.

Musamasulire liwu ndi liwu. Onerani kawiri, lembani mfundo zisanu kapena zisanu ndi imodzi, ndipo lembani mphindi imene mudzaimitse filimu kuti mulankhule. Ngati mawu akukuthawani, pa VLC, pulogalamu yoonetsera vidiyo, mutha kuchepetsa liwiro, ndipo pa YouTube mutha kuyatsa mawu olembedwa pansi, ngakhale amaphonya mayina. Miyeso sinthiranitu kunyumba, chifukwa pamaso pa ana mutu umaima. Mailo imodzi ndi makilomita 1.6, futi imodzi ndi masentimita 30, paundi imodzi ndi pafupifupi theka la kilogalamu. Akati madzi amawira pa madigiri 212 akunena za Fahrenheit, ife a Celsius timati 100. Akati thupi la munthu ndi 98.6, ife timati 37. Ndipo nambala yaikulu muipezere chofanizira chimene ana anachionapo. Everest ndi mamita 8,849. Mukangotero amangogwedeza mutu, koma mukati Sapitwa wa ku Mulanje ndi mamita 3,002, ndiye muwasanjikize atatu, maso amatuluka.

Tsiku loonetsa

Tchajani laputopu masana, magetsi sapangana ndi munthu. Yesani sipika anthu asanabwere. Dikirani kachisisira, chifukwa filimu yakuda ndi yoyera siioneka dzuwa likadalipo, ndipo aang'ono akhale kutsogolo pamphasa.

Mafilimu awiri akwana, atatu ndiye malire. Musanayatse, nenani chaka ndi dziko, ndipo chakacho muchimangirire ku chinthu chimene akuchidziwa: iyi inajambulidwa zaka khumi dziko lathu lisanalandire ufulu mu 1964, iyi agogo anu aakazi ali ku pulayimale. Kenako perekani funso limodzi loti alisake m'filimumo. Mwana amene akusaka yankho satsina mnzake.

Ikatha, funsani mafunso asanu kuchokera m'kope lanu, osavuta poyamba. Ine ndimawagawa m'magulu awiri, opambana amayamba kutapa chimanga chokazinga. Funso lomaliza nthawi zonse limakhala lomwelo: m'filimuyi, n'chiyani chimene lero sichili choncho? Poyamba ankangotchula zipewa ndi magalimoto. Pano amakwanitsa kugwira dzina la dziko limene linasintha kapena nambala yokayikitsa, ndipo wogwira cholakwa chenicheni amapata mapointi awiri. Cholakwacho muchikonze pomwepo, mokweza, ndipo onse abwereze cholondolacho asanabalalike.

Ngati mukusowa yoyambira, yambani ndi Powers of Ten ya Charles ndi Ray Eames ya mu 1977. Ndi ya mphindi 9. Imayamba ndi anthu awiri atakhala pa udzu m'mphepete mwa nyanja ku Chicago, kamera n'kumatalikira kakhumi pa masekondi khumi alionse mpaka dziko lasanduka kadontho n'kusowa, kenako imabwerera n'kulowa m'khungu la dzanja la bamboyo mpaka m'kati mwa atomu. Mawu ofunika kumasulira ndi ochepa. Tsiku limene tinaionera, kamtsikana kena ka sitandade 3 kanakhala duu mpaka kumapeto, kenako kanatambasula dzanja lake pa kuwala kwa laputopu n'kulitembenuza uku ndi uku. Kanafunsa ngati m'dzanja lakenso muli zomwe zija, ndipo nditavomera kanati tibwerezenso, koma pofika padzanja paja ndiimitse.